Namakiyi ndi mipando ya kolokwiyamu

Ine ndayankhulapo m'masemina a m'mayiko asanu ndi awiri. Pa semina ina pulofesa wa ndevu zofika pamchombo anakomoka atamva nzeru zanga, anthu nkuchita kumukupiza ndi mapepala anga omwe. Chabwino, limenelo ndi bodza. Ine ndinali telala zaka makumi atatu ndi zinayi, ndipo semina yokhayo imene ndinapondamo ndi ija ndinapita kukapereka thalauzi kwa mwini wake amene anati ndikamupeze kuntchito. Ndinaima pakhomo mphindi ziwiri, wina nkundifunsa ngati ndine wobweretsa tiyi.

Katswiri weniweni wa masemina pabanja pathu ndi mwana wa mlongo wanga, amene wakhala akundisunga chiyambire pamene maso anga anakana kuona bowo la singano. Dzina limene tinamupatsa ali khanda linatha ntchito kalekale. Aliyense amamutcha Namakiyi, ngakhale ana ake omwe akakhala kuseri. Amayenda ndi mulu wa makiyi m'chiuno, olemera moti ndikhoza kulumbira kuti mwendo wake wakumanja unafupika. Akamachokera kuntchito timayamba tamva makiyi, kenako galu wa aneba kuuwa, mwini wakeyo nkuoneka patapita kanthawi.

Ntchito yake ndi kusamalira zipinda za misonkhano pa koleji ina. Zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri akutsegula, kusesa, kuyala mipando ndi kutseka. Holo yaikulu ili pansi. Chipinda chimene aphunzitsi onse amachilimbirana chili pamwamba, masitepe makumi awiri ndi anayi, ndipo mipando imagona m'kasitolo ka pansi pa masitepewo. Chikepe chokwerera m'mwamba chinafa Namakiyi asanabereke mwana woyamba. Ndiye mpando uliwonse umene munthu wophunzira amakhalira kumwambako, dziwani kuti unakwera pamutu pa mwana wa mlongo wanga, inayi inayi, iye akuwerenga masitepe chamumtima.

Pa kolejipo munthu wofuna chipinda sapita kwa Namakiyi. Amadzaza fomu. Fomuyo imapita kwa sekilitale, ikachoka apo ipita kwa bwana woyang'anira nyumba, amene antchito anawapatsa dzina loti a Fomu, ndipo a Fomuwo ndiwo amaiponya m'kabokosi ka Namakiyi. Lamulo lake ndi lakuti wantchito wovala yunifolomu sagogoda pa ofesi ya mphunzitsi. Pa fomupo pali mzere wofunsa kuchuluka kwa anthu ndi wina wofunsa kayalidwe ka mipando, koma anthu ophunzira kwambiri sataya inki pa mizere ing'onoing'ono. Amangolemba tsiku, nthawi ndi mtundu wa msonkhano. Kuchokera pa liwu limodzilo, Namakiyi ayenera kulota zotsalazo.

Ndipo kulotako anakuphunzira. Amati akandiuza, "Malume, ine sukulu ndinalekeza panjira, koma mawu awowa ndimawadziwa kuposa eni ake. Iwo amawadziwira m'mutu, ine ndimawadziwira pamsana."

Mukamufunsa kuti lekicha ndi chiyani, akuuzani kuti ndi mizere yowongoka, anthu onse kuyang'ana kutsogolo ngati ali m'basi. Semina ndi mipando makumi awiri ndi isanu mozungulira, popanda tebulo la akuluakulu, kuti anthu aziyang'anana m'maso ponyozana mwaulemu. Wekishopu ndiye mdani wake: timatebulo ta anthu asanu asanu, ndipo akamaweruka amasiya mapepala omatidwa khoma lonse, ukamamatula penti nkumatsatira. Konferensi ndi holo yapansi, mipando mazana awiri, tebulo la akuluakulu lokutidwa ndi nsalu yoyera, maluwa apulasitiki, ndi mpando umodzi wa khushoni, wokhala ndi poika manja, umene palibe amakhalira kupatula a Pulofesa aakulu. Mpando umenewo akuti wantchito wina anakhalirapo mwangozi nkuyamba kuyankhula Chilatini. Amene anandiuza nkhaniyi ndi ine ndemwe.

Liwu limodzi lokha ndi limene linamugwetsapo. Chaka chatha kunabwera fomu yolembedwa simpoziyamu. Iye analiyeza liwulo pakamwa, nkuona kuti likuyandikana ndi semina, nkuyala mozungulira. Osadziwa kuti eni ake ankafuna tebulo lalitali kutsogolo la oyankhula anayi, ena onse m'mizere. Alendo anachita kukoka okha mipando, ma suti ali m'thupi. Mawa lake a Fomu anamupatsa kalata ya chenjezo, nkumuuza pamaso pa anzake kuti, "Mayi, mukadzalakwitsanso, makiyi amenewo mudzawasiye patebulo pangapa. Tsache lokha silifuna kuganiza."

Kwa wina makiyi ndi zitsulo. Kwa Namakiyi ndiwo amamusiyanitsa ndi osesa m'makonde. Wamakiyi ali ndi kachipinda kake kokhala ndi ketulo ndi msomali wopachikapo juzi, ndipo ma dokotala a maphunziro amamupatsa moni chifukwa akudziwa kuti popanda iye ayankhulira panja.

Ndiye Lolemba lina anabwera kunyumba makiyi akulira mwaukali. Anaponya chikwama pampando, nkundiika kapepala pamphuno.

"Tawerengani apa, malume, inu munayenda mayiko asanu ndi awiri."

"Asanu ndi atatu, ukuiwala lina," ndinatero ndikufuna magalasi. Pa fomupo panalembedwa: Lachisanu, 9 koloko m'mawa, chipinda chapamwamba. Wopempha anali a Dokotala atsopano, amene anali asanathe mwezi pa kolejipo. Mizere ing'onoing'ono ija inali mbee. Pa mtundu wa msonkhano analemba kuti kolokwiyamu.

"Amenewa si mankhwala a m'mimba?" ndinafunsa.

"Musandiseketse, ndilibe mano oseka lero. Ndapita kwa a Fomu kuti chimenechi nchiyani. Akuti zonse zili pa fomu. Ndati pa fomu palibe. Akuti ndiye ndichite zimene zili pa fomu."

"Nanga sekilitale?"

"Akuti iye ntchito yake ndi kudinda chidindo. Ndamupempha kuti akandifunsire kwa a Dokotala, akuti a Dokotala ali ndi alendo ochokera kunja sabata yonse, sangakawasokoneze ndi nkhani ya mipando. Nkhani ya mipando! Akakhala pa chiyani alendowo, pa digiri?"

Lachiwiri anapita ku laibulale pa nthawi yopuma. Bambo wa ku laibulale ndi munthu wabwino, kungoti akatsegula buku amaiwala kuti kunja kuli dziko. Anamutsitsira dikishonale yaikulu ngati mwala wa pamanda, nkumuwerengera uku akumasulira. Akuti kolokwiyamu ndi msonkhano wa anthu ophunzira, pamene amakambirana nkhani ya maphunziro, kawirikawiri pali wina amene wakamba nkhaniyo ena nkumufunsa mafunso.

"Anthu angati?" anafunsa Namakiyi.

"Sanalembe."

"Amakhala moyang'ana kuti?"

"Zimenezonso sanalembe, mayi. Koma apa ayikapo mawu ofanana nalo tanthauzo. Akuti semina, simpoziyamu, konferensi, zokambirana."

Madzulo ake akundifotokozera, Namakiyi anachita kuimirira. "Ofanana! Malume, mwamva? Semina ndi konferensi akuti nzofanana. Mipando makumi awiri ndi isanu ndi mipando mazana awiri, zofanana! Amene analemba bukulo anayamba wanyamulapo tebulo la akuluakulu pamasitepe? Simpoziyamu ija inandidyetsa kalata, lero ndi m'bale wake wa semina? Bwanji sanawauze a Fomu zimenezo chaka chatha?"

"Mwina ndi apachibale ngati ine ndi iwe," ndinatero. "Magazi amodzi, koma wina amagwira ntchito, wina amadya."

Sanaseke. Pamenepo ndinadziwa kuti zinthu zafika pena.

Lachitatu anayala mipando kawiri. M'mawa anayala mozungulira, naima pakhomo kuyang'ana, mtima nkukana. Masana anakweza ina makumi asanu nkuyala m'mizere, naimanso pakhomo, mtima nkukananso. Tebulo la akuluakulu analikokera mpaka pa sitepe yoyamba nkulisiya pomwepo, chifukwa limenelo ukalikweza sulitsitsa tsiku lomwelo. Anafika kunyumba akuyenda ngati nkhanu. Anakhala pansi, mapazi m'beseni la madzi ofunda, osavula ngakhale yunifolomu.

"Chimene chikundipweteka," anatero, "munthu wodziwa yankho ali pomwepo. Ofesi yake ndimaidutsa kanayi pa tsiku. Ndimamva ndi chifuwa chake chomwe. Koma ndikagogoda, a Fomu andilembera kalata ya kusadziwa malire. Ndikapanda kugogoda, andilembera kalata ya kusadziwa ntchito."

Apa ndi pamene pakamwa panga panandigulitsa. Ndinadziguguda pachifuwa.

"Lamulolo likunena za ovala yunifolomu. Ine ndimavala yunifolomu? Mawa ndipita ndekha. Madokotala ine ndawayeza m'chiuno ambirimbiri, ndimawadziwa kuti akapuma mpweya mimba imatuluka ngati ya wina aliyense."

Anatulutsa mapazi m'beseni muja. "Malume, iyi si nkhani yocheza."

"Iwe, mlongo wanga anakusiya m'manja mwa ndani?"

"Mukafunse zinthu zitatu basi. Anthu angati, akhala bwanji, ndipo tebulo la akuluakulu likufunika kapena ayi. Mukabwereze."

Ndinabwereza ngati mwana wa sukulu.

Lachinayi m'mawa ndinavala jekete langa labulauni, limene ndinasoka ndekha maso akadali anga, nkukwera basi. Pa geti ndinadutsa bwinobwino, mlonda anachita kundichitira sawatcha, mwina ankayesa ndine wopuma pantchito wobwera kudzaona anzake. Ndinakwera masitepe, nkupeza khonde lalitali lonunkhira polishi, zitseko mbali zonse, chilichonse chili ndi dzina lotsogozedwa ndi zilembo zambiri kuposa dzinalo. Chitseko cha a Dokotala atsopano chinali chotsegula pang'ono. M'katimo munali anthu anayi, ndipo Chingerezi chimene chinkatuluka mmenemo chinali ngati matalala padenga la malata. Ndinakweza dzanja kuti ndigogode. Dzanjalo linakana. Ndinalikwezanso, linakananso.

"Tikuthandizeni, agogo?"

Anali sekilitale, atasuzumira pa kawindo kake, magalasi ali pansonga ya mphuno.

"Muli ndi apointimenti? Mwachokera ku dipatimenti iti?"

Mafunso atatu aja anauluka onse. Ine, munthu amene ndinayezapo nduna m'khwapa, chabwino, kalaliki wa nduna, ndinamva pakamwa panga pakunena kuti, "Pepani mayi, chimbudzi chili mbali iti?"

Anandilozera ndi cholembera. Ndinapita, poti ndinali nditafunsa. Ndinaima mmenemo kwa kanthawi ndikuyang'ana mpopi. Potuluka ndinakakhala pa benchi ya pansi, ndikudziuza kuti ndikupuma kaye, ndibwereranso. Moyang'anana ndi benchiyo panali bolodi la zidziwitso, ndipo pakona pake panali chithunzi cha anthu atakhala mozungulira, onse akumwetulira, wina atakweza dzanja. Mawu a pansi pake anali aang'ono kwambiri kwa maso anga. Ndinawerenga mitu ya anthuwo, ndinapeza khumi ndi iwiri, nkuganiza kuti wojambula sangakwanitse onse. Ndinawonjezerapo. Zimene ndinachitazo ndikuzidziwa dzina lake, akuluakulu anati kandimverere anakanena za m'maluwa. Koma panthawiyo ndinkaona ngati ndachita kafukufuku.

Namakiyi ndinamupeza m'kasitolo ka mipando. Anasiya zimene ankachita.

"Mwawapeza?"

"Kuwapeza kokha? Tacheza ngati tinakulira limodzi."

"Ati bwanji?"

Apa ndikanatha kunena zoona. Mawu ake anali pafupi, ndinawamva akugunda mano. Koma nkhope yake inali itawala koyamba sabata yonseyo, ndipo ine ndi munthu amene sindinabwezepo kasitomala ndi mawu oti sindingathe.

"Ati mozungulira. Mipando makumi atatu. Tebulo la akuluakulu ayi, akuti kolokwiyamu ilibe wamkulu, onse ndi ofanana."

"Mpando wa khushoni?"

"Ati usayerekeze."

Anapumira m'mwamba, nkundigwira dzanja ndi manja ake awiri. "Malume, ndimakunenani zambiri, koma lero mwandichotsa minga." Masana onsewo anatsitsa mipando ija anaikweza dzulo lake, inayi inayi, nkusiya makumi atatu okha, nabwezera tebulo la akuluakulu m'malo mwake. Ine ndinamuthandiza kunyamula nsalu yopukutira fumbi. Inkalemera ngati thumba la simenti.

Lachisanu ndinapita nawo, ati kukaona zipatso za ntchito yanga. Ndinaima kumapeto kwa khonde, kuseri kwa mphika wa maluwa. Chipindacho chinali chokongola, ndisaname. Bwalo la mipando linali lozungulira ngati analijambula ndi mbale, pansi pakuwala, mawindo otsegula. Namakiyi anaima pakhomo atavala yunifolomu yosita, manja kumbuyo.

Anthu anayamba kufika. Khumi, makumi awiri, makumi atatu. Mipando inatha, anthu sanathe. Ankangotuluka pamasitepe ngati nyerere zaona shuga, aphunzitsi, ophunzira, ena onyamula makamera. Ena anatsamira khoma, ena anakhala pa mawindo. Ndinaona Namakiyi akuyamba kutsika masitepe chothamanga, nabwera ndi mipando inayi, natsikanso. Koma mpando ukauika kunja kwa bwalo, wokhalapo amaona msana wa mnzake, ndiye anthu anayamba kukoka uku ndi uku, phokoso ngati kusamuka.

Kenako khonde lonse linati zii. Anali a Pulofesa aakulu, atatsogoza mlendo wochokera kunja, a Dokotala atsopano ali pambali, a Fomu akubwera pambuyo ndi kumwetulira kwa pa ukwati. Anafika pakhomo naima. A Pulofesa anayang'ana kutsogolo kumene kumakhala tebulo la nsalu yoyera. Kunalibe kutsogolo. Anazungulira ndi maso kufuna mpando wawo wa khushoni. Wophunzira wina wachifundo anaimirira nkuwapatsa wake wapulasitiki, ndipo bambo aja, amene sanakhalepo moyandikana ndi munthu wopanda digiri chiyambire, anapezeka atapanikizika pakati pa mtsikana wotafuna chingamu ndi mnyamata wa chikwama chonga cha msilikali. Mlendo uja anaima pakati pa bwalo ndi kompyuta yake m'manja, akuzungulirazungulira kufuna poiika, ngati nkhuku yofuna poikira dzira.

Kumwetulira kwa a Fomu kunazima. Anatembenuka pang'onopang'ono nkuyang'ana Namakiyi, amene anali pa sitepe yomaliza, mipando inayi ili pamutu, thukuta likutsika m'khosi.

Ine zotsatira zake sindinazione. Ndinakumbukira mwadzidzidzi kuti kunyumba ndinasiya zenera losatseka.

Tsiku limenelo ndinasesa pabwalo, ndinatsuka mbale, ndinathirira ndi maluwa omwe, zinthu zimene adzukulu anga anati sanazionepo chibadwire. Dzuwa litapendeka galu wa aneba anauwa, chitseko nkutseguka. Palibe chimene chinalira m'chiuno mwa Namakiyi. Analowa mwakachetechete ngati mlendo, atanyamula ketulo yake ya kuntchito m'manja ndi juzi paphewa. Anaika ketuloyo patebulo nkukhala pansi.

"Atenga," anatero. "Makiyi apatsa mnzanga wa ku holo ya masewera. Ine kuyambira Lolemba ndizikasesa makonde a ku laibulale."

Ndinafuna mawu oseketsa, sindinawapeze. Ndiye ndinagwira amene anali pafupi.

"Anthu ophunzira ndi achinyengo! Munthu kundiuza ndi pakamwa pake kuti makumi atatu, mozungulira, lero nkubweretsa mtundu wonse wa anthu? Ndipita Lolemba ndikawaonetse kuti telala ndi ndani."

Namakiyi sanakweze mawu. Anayamba kumasula zingwe za nsapato.

"Tandiuzaninso bwinobwino, malume, kuti ndikadziwe ponena. Munalowa mu ofesi mwawo?"

"Ndinalowa. Anachita kuimirira."

"Alendo aja analipo?"

"Anawatulutsa. Anati dikirani panja, kwabwera munthu wamkulu."

"Nkukupatsani mpando."

"Wa khushoni. Ndi tiyi wamkaka, masupuni atatu a shuga. Mpaka anandifunsa kuti jeketeli ndinagula dziko liti."

Anagwedeza mutu, navula nsapato yachiwiri, naziika pamodzi bwinobwino pansi pa mpando.

"A Fomu anandiitanira ku ofesi msonkhano utatha," anatero. "Ndinawauza kuti ndinayala monga ananenera a Dokotala. Ndiye anawaitana a Dokotalawo, ndi sekilitale yemwe. A Dokotala anati iwo ankafuna mizere, mipando makumi asanu ndi atatu, ndi tebulo kutsogolo. Anati chikhala kuti munthu anagogoda nkuwafunsa, akanayankha asanatseke ndi cholembera chomwe. Koma sabata yonse palibe anagogoda."

"Akunama! Ine ndi mapazi angawa..."

"Sekilitale anati munthu wachilendo amene anafika pakhomopo Lachinayi ndi mmodzi yekha. Agogo ena a jekete labulauni." Anadzutsa mutu nkundiyang'ana. "Malume, tiyi wa masupuni atatuyo anakupatsirani m'chimbudzi?"